Basi ya apongozi ndinakaitenga mumtengo

Mukadzadutsa ku Chibanja n'kumva amayi ogulitsa tomato akukamba za munthu amene anapezeka mumtengo wa mapeyala atavala suti, musadzavutike kufunsa kuti anali ndani. Ndine. Nkhaniyi anthu aithira mchere wambiri, ena akuti ndinali ndi mapiko, ena akuti ndinagona momwemo mpaka Lamulungu, ndiye ndati bola ndiifotokoze ndekha, mwini wake manyazi.

Ine kwathu ndi ku Mulanje. Ku Mzuzu ndinabwera kudzasaka ntchito, ndipo ndinaipeza pa kashopu kena m'tauni komwe timachita fotokope ndi kujambula zithunzi za pa ziphaso. Ntchito yanga yeniyeni ndi kudina batani lobiriwira. Pepala likakodwa ndimatsegula kachitseko ka m'mbali n'kulisolola, ndipo ukatswiri wanga wa makompyuta unkathera pamenepo. Koma Towera, chibwenzi changa, makolo ake atamufunsa kuti mnyamatayo amagwira ntchito yanji, anangoti, "Ndi wa makompyuta." Sananame kwenikweni. Kungoti bambo ake, a Mhango, anamva zawozawo, ndipo kuyambira tsiku loyamba ankanditchula kuti a Injiniya. Ine sindinawawongole. (Mungamuwongole bwanji munthu amene mukufuna kuti akupatseni mwana wake?)

Mwanayo ndiye sankafuna kupereka. Athenga, bambo wina wa kumpingo kwathu amene ankandinyamulira mawu a ukwati, anapondaponda pakhomopo mpaka galu anawazolowera, koma ulendo uliwonse ankabwera ndi yankho limodzi: "Akuti tiwone kaye." Towera anandiululira chifukwa chake. A Mhango ankati anyamata akummwera amabwera ndi chikwama chimodzi, zinthu zikavuta amanyamula chomwecho n'kukakwera basi. Chopweteka n'chakuti ine ndinalidi ndi chikwama chimodzi. Towera anali atandiuziratu kuti popanda mawu a adada ake sakwatiwa, ndipo azakhali ake anali atayamba kale kutchulatchula mphunzitsi wina wa ku Katoto amene anali ndi galimoto.

Ndiye tsiku lina uthenga unandipeza ku Ching'ambo komwe ndinkachita lendi: adada akukufuna Loweruka. Ndinasita suti yanga, ndinapolisha nsapato mpaka ndinadziona nkhope, n'kunyamuka ndikupemphera njira yonse.

Nditafika, amayi ake a Towera, a Nyachirwa, anandipatsa moni atakhala chammbali pafupi ndi khomo la kukhitchini, nkhope itayang'ana kukhoma, ine maso ali pansi monga mwa mwambo. Kunena zoona, ndikanakumana nawo mumsika sindikanawazindikira. Ndinkangodziwa mapazi awo. Amayiwo atatuluka, a Mhango ananyamuka n'kukavundukula nsalu yoluka imene inaphimba zinthu patebulo la pakona. Panali laputopu, chiwongolero chakuda cha pulasitiki, ndi tizopondera ta mabuleki ndi moto.

Apa ndikuuzeni za bambo ameneyu. Moyo wawo wonse anali dalaivala wa mabasi akuluakulu pamsewu wa ku Karonga, ndipo ankanyadira kuti zaka zonsezo, m'makhotakhota onse a ku Chiweta, ngakhale nkhuku sanagundepo. Atapuma ntchito anangokhala chete. Towera ankati adada amatha kukhala pakhonde tsiku lonse manja ali m'mwamba pang'ono, ngati agwira chinthu chozungulira. Mwana wawo wamwamuna amene ali ku Joni ndiye anawaonetsa pa foni gemu ina yoyendetsa basi, anaona mmene maso awo anawalira, n'kuwatumizira zipangizozi. Gemu yokhayo ndi imene anaiwala kuikamo. Anangoti ndi zophweka, aliyense wodziwa makompyuta angakutsitsireni pa intaneti.

"Sono a Injiniya," anatero a Mhango, "basi ili mu intaneti. Itulutseni."

"Ndi nkhani yaing'ono imeneyo, adada," ndinayankha. Sindikudziwa kuti mawu amenewo anachokera kuti. Ine gemu yomwe ndinkaidziwa ndi ya kanjoka kodya timadontho pa foni ya mabatani.

Ndinagula bandulo pa foni yanga n'kuyatsa hotisipoti, ija foni imagawira kompyuta intaneti. Ndinalemba dzina la gemuyo pofufuzira, ndinalowa patsamba loyamba lomwe linabwera, ndipo ndinapeza mabatani obiriwira ambirimbiri, lililonse likunena kuti dawunilodi ndi ine. Paja ndati mabatani obiriwira ndiye ntchito yanga. Ndinasankha lalikulu kuposa onse.

Choyamba kompyuta inandiyamikira kuti ndawina foni. Ndisanasangalale n'komwe, panatulukira chithunzi cha mtsikana atavala tizovala toti ngakhale mwana wa ku nasale sitingamukwane, ndi mawu achingerezi pansi pake. A Mhango, amene anakhala phewa ndi phewa ndi ine, anavala magalasi n'kuwerenga mokweza, pang'onopang'ono, ngati akuwerenga mawu kutchalitchi.

"Akuti ali yekhayekha, ndipo ali pafupi ndi Mzuzu. Mwana wa njani uyu? Ndi kuzizira kuli kunoku?" Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi. "A Injiniya, mukumudziwa?"

"Ayi adada, sindinamuonepo."

"Nanga wadziwa bwanji kuti muli kuno?"

Ndinadina kamtanda ka pakona kuti achoke, m'malo mwake anabwera ndi mnzake. Ndinatseka laputopu yonse kuti phwa.

"Ndi vayirasi, adada."

"Enya," anavomera. "Akuoneka kuti akudwaladi."

Ndinapempha kukataya madzi, ndipo ndili kuseri kwa nyumba ndinalembera mlamu wanga wa ku Joni uja uthenga wolira. Anaseka kaye, kenako ananditumizira linki yeniyeni. Nditabwerera ndinaitsegula, ndinadina pomwe anandiuza, ndipo panaoneka kamzere kopanda kanthu koyenera kudzaza dawunilodi ikamayenda. Pansi pake kompyuta inalemba nthawi yotsala. Ndinaiwerenga kawiri. Mwa kuwerengera kwake, basiyo ikanafika Towera atabereka kale ana a mphunzitsi wa ku Katoto.

A Mhango anayang'ana wotchi, anatenga Baibulo ndi ambulera, n'kunena kuti ali ndi msonkhano wa madoda kutchalitchi.

"Ndikabwera ndipeze basi ili pa depoti," anatero. "Ndiye tidzakambenso nkhani zina zija."

Nkhani zina zija! Aka kanali koyamba kuti bambo ameneyu atchule yekha nkhani yanga popanda "tiwone kaye".

Vuto linali netiweki. Ndinayamba kuisaka ndi foni m'manja ngati ndikusaka nkhuku yothawa: pabalaza, pakhonde, kukhitchini, pafupi ndi khola, pamwamba pa mulu wa njerwa. Paliponse kamzere ka netiweki kanali kamodzi, kenanso kakubwera n'kuthawa. Towera ananditsatira akuseka chamumtima, kenako anandinong'oneza.

"Ukuvutika chabe. Pakhomo pano netiweki imagwira malo amodzi basi, pawindo la kuchipinda kwa adada ndi amama. Achimwene akaimba, adada amakayankhira komweko."

Inu amene mukuti bwanji osangolowa, ndikuona kuti simunafunsirepo mbeta. Mkamwini salowa kuchipinda kwa apongozi, ngakhale nyumba ikupsa amangoima panja n'kumakuwa. Towera nayenso chikulireni sanapondemo, mwana wamkazi akatha msinkhu chitseko chimenecho chimamutsekekera. Otsala anali a Nyachirwa eni ake. Koma ndikanayamba bwanji? Ndigwade, ndiyang'ane mapazi awo, ndinene kuti amama, tatengani foni yangayi mukaigwirire kuchipinda kwanu? Kutuma apongozi, n'kuwatchuliranso chipinda chawo pakamwa panga? Ndinaona kuti bola imfa.

Ndiye tinaganiza zoifikira netiwekiyo chakunja. Nyumba ya a Mhango inamangidwa pamtsetse, kutsogolo khonde lili pansi, koma kuseri maziko ndi aatali moti windo la chipindacho lili m'mwamba. Ndinaona nsungwi yaitali itaima pabwalo, ndinaizula kuti ndimangirirepo foni. Sindinaone kuti ndi imene inkachirikiza chingwe choyanikira zovala. Malaya oyera a a Mhango anatsika onse pamodzi n'kugona m'matope mwaulemu. Towera anawatola akunditukwana motsitsa mawu, n'kukawabisa mubeseni. Nsungwiyonso inaperewera. Foni ikafika kunsonga timizere tinkawonjezeka, koma mkono ukangonjenjemera tinkathawa.

M'pamene ndinauona mtengo wa mapeyala. Unali chapafupi ndi khoma, ndipo nthambi yake imodzi yonenepa inkadutsa moyang'anizana ndi windo lija.

"Usayerekeze," anatero Towera.

"Ukufuna mphunzitsi?"

Anamasula chitenje chake. "Tembenuka."

Anandibereketsa laputopu kumsana ngati khanda, n'kumanga mfundo pachifuwa pamwamba pa tayi. Mufunsa kuti laputopuyo ndinkakwera nayo chifukwa chiyani. Ine ndinkakhulupirira kuti foni ndi kompyuta ziyenera kumaonana kuti zigawane intaneti. (Mlamu wanga anandiuza pambuyo pake kuti zimamvana ngakhale pakati pali khoma. Anandiuza akulira ndi phwete.) Ndinavula nsapato n'kukwera ndi masokosi. Mwana wa ku Mulanje sangalephere mtengo wa mapeyala, apa pokha ndiye ndinali injiniya weniweni.

Ndinakhala panthambi mwendo wina uku wina uku, ndinatsegula laputopu pamiyendo, n'kutambasula dzanja lamanja lomwe linali ndi foni kuloza kuwindo. Abale anga, timizere tonse tinadzaza. Kamzere ka dawunilodi kanayamba kuyenda ndikukaona ndi maso. Ndikabweza dzanja pang'ono kankaima, ndikalitambasula kankapitiriza. Katani inali yotseka, ndipo ine nkhope ndinaitembenuzira kumbali, kuti ngakhale kataniyo isanene kuti ndinaiyang'ana.

Kenako kamvula ka ku Mzuzu kanayamba, kaja kosagwa kosasiya. Towera anandiponyera ambulera ya maluwamaluwa, ndinaipanira pakati pa khosi ndi phewa kuti iphimbe laputopu. Posakhalitsa ndinamva mawu a a Nyachirwa m'nyumba akumutuma kuti athamangire kumsika akagule anyezi. Mwana sangauze mayi ake kuti dikirani kaye, ndikulondera mwamuna mumtengo. Anandiyang'ana ndi maso achisoni n'kupita, ndipo ndinatsala wopanda mboni.

Oyamba kundipeza anali nyerere. Zinalowera m'masokosi n'kuyamba ulendo wokwera, ine manja onse ali pantchito. Wachiwiri anali mayi wa nyumba yoyandikana, a Nyajere, amene anatuluka kudzataya madzi a mbale. Anakweza maso n'kuona mwamuna wa suti, chitenje pachifuwa, ambulera ya maluwa pakhosi, akugwedeza matako panthambi, foni italoza pawindo la chipinda cha eni nyumba. Beseni linagwa.

"Munkhungu! Mwe, munkhungu mu khuni! Wakujambula a Nyachirwa!"

Simudziwa kuti ku Chibanja kumakhala anthu ambiri bwanji mpaka wina atakuwa kuti wakuba. Anabwera a kabaza ndi njinga zawo, amayi a tomato, bambo wina wometedwa mbali imodzi nsalu ya kometera ili m'khosi. Onse anazungulira mtengo, makosi ali m'mwamba.

"Khira! Tsika iwe!"

"Pepani akuluakulu, dikirani pang'ono, yatsala pang'ono kutha."

"Kutha vichi?"

"Dawunilodi."

"Mwamva? Akutumiza kale pa intaneti!"

Wina anati ndionetse zomwe zili pafoniyo. Ndinati sindingaitembenuze, netiweki ithawa. Bambo wometedwa theka uja anati iye anaonapo zoterezi, ameneyu si wakuba koma mfiti, ndege yamuthera mafuta m'bandakucha, ndipo mfiti za masiku ano zimayendera laputopu. Mayi wina anatsutsa kuti mfiti sivala tayi. Anakangana nkhaniyo mwamphamvu ndithu, mpaka wina anaidula potola peyala losapsa n'kundigenda nalo pabondo.

Phokosolo ndi lomwe linatsegula katani.

A Nyachirwa anali akumanga duku, atavala kale bulauzi yoyera ya kumsonkhano wa amayi. Windo analikankha, ndipo kwa nthawi yoyamba chiyambireni ine ndi apongozi anga tinaonana maso ndi maso, moyandikana ngati anthu awiri okhala patebulo limodzi. Anali ndi nkhope yabwino, yofanana ndi ya Towera. Mutu wanga unasiya kugwira ntchito, ulemu wokha ndi umene unatsala. Ndinafuna kugwada, koma panthambi sagwada. Ndinafuna kuwomba m'manja, manja analibe mpata. Ndiye ndinangoweramitsa mutu pamodzi ndi ambulera.

"Monire amama."

"Yewo," anayankha, pakamwa pokha mwachizolowezi. Kenako anakuwa mokweza kuposa a Nyajere, n'kutseka windo mpaka galasi linalira.

Apa ndiye zinthu zinafika poipa. Atatuluka panja n'kuuza anthu kuti munthuyo akumudziwa, ndi uja akufuna Towera, gulu lonse linati "Haaa!" Wakuba akanamumvetsa, mfiti akanaimvetsa, koma mkamwini pawindo la apongozi! Wa kabaza wina anavula jekete kuti akwere adzanditsitse. A Nyachirwa anamuletsa, osati pondimvera chisoni, koma kuti angawayoyolere mapeyala. Wina anapita kukabwereka nkhwangwa, anamuletsanso pa chifukwa chomwecho. Ine ndinkangoyang'ana kamzere kanga. Ndinadziwa kuti ndikatsika tsopano nditsala wopanda basi, wopanda mkazi, ndi mbiri ya munthu wosuzumira m'mawindo. Ndikapirira, mwina nditsala ndi basi.

Kenako anthu anapatuka, phokoso linazima. A Mhango anafika ndi Baibulo kukhwapa. Anamvetsera akazi awo, anamvetsera a Nyajere, anamvetseranso wa mfiti uja mpaka kumapeto. Anayenda pang'onopang'ono kufika patsinde, anapendeketsa ambulera yawo n'kuyang'ana m'mwamba. Ndinatsanzikana ndi Towera mumtima.

"A Injiniya."

"Wawa adada."

"Yafika pati?"

"Katsala ngati chala, adada."

Anatembenukira gulu lija. "Aliyense wogwedeza mtengo uwu alimbana ndi ine."

Anaima pomwepo ngati mlonda, n'kufotokozera anthu kuti mnyamatayu akutsitsa basi kuchokera mu intaneti, ndipo intaneti pakhomo pano imadutsa pamenepo. Anthu a kabaza anagwedeza mitu, ena anati n'zoona, kwawonso imadutsa pamwamba pa chimbudzi. Anthu omwe aja amene ankafuna kundigenda anayamba kundichemerera. "Kwezani mkono, achimwene!" "Katsala bwanji?" Ndinkayankha kuti katsala ngati chikhadabo, kenako ngati njere ya mpunga. Panjere ya mpungapo kanaima nthawi yaitali moti mayi wina anayambitsa nyimbo ya kutchalitchi. Katadzaza, ndinakuwa kuti yatheka, ndipo a Nyajere, omwe aja, anaimba nthungululu. Towera anafika ndi anyezi wake nthawi imeneyo n'kupeza chibwenzi chake chikutsitsidwa mumtengo ndi anthu ngati mkwati.

Dzanja lamanja linakana kutsika. Linauma lili chotambasuka, moti ndinalowa m'nyumba ngati munthu wolumbira kukhoti, ndipo ntchito yoika gemuyo mu kompyuta ndinaigwira ndi lamanzere. Kompyuta inandifunsa mafunso ambiri m'Chingerezi cha maloya, ine ndinkangovomera chilichonse. (Mwina ndinagulitsa munda wa amayi anga ku Mulanje, mpaka lero sindikudziwa.) A Nyachirwa anakhala pakhomo la kukhitchini atandifulatira, akulankhula nane kudzera mwa mwana wawo ngakhale tinali m'chipinda chimodzi.

"Umuuze mlendo wakoyo kuti maso ake andilipira nkhuku."

"Akuti mulipira nkhuku," anatero Towera.

"Uwauze kuti ndamva."

"Akuti amva."

"Yoyera. Ndipo malaya a adada ako ndawaona mubeseni."

Gemu itatseguka, pasikirini panaoneka basi yaikulu itaima pa depoti, injini ikulira. A Mhango analowa kuchipinda n'kutuluka atavala chipewa chawo chakale cha udalaivala. Tinamangirira chiwongolero patebulo, tizopondera tinaika pansi. Anthu aja sanapite, anadzaza pabalaza, ndipo popanda wowauza anandanda mipando m'mizere kumbuyo kwa dalaivala. A Nyajere analanda mpando wa kuwindo. A Mhango anati tipemphere kaye, ulendo sayamba chisawawa. Titati amen anapukuta manja pathalauza, anagwira chiwongolero, n'kutulutsa basi pa depoti mwaukatswiri moti anthu anawomba m'manja. Anailowetsa mumsewu, kumanzere, monga anachitira moyo wawo wonse.

Sitinayende mtunda. Kagalimoto kofiira kanatulukira kutsogolo, mbali yathu yomweyo, ndipo tinawombana nako mphuno ndi mphuno. Magalasi anasweka pasikirini, amayi anakuwa, wa kabaza wina anagwa pampando.

A Mhango anachotsa manja pachiwongolero n'kuwaika pamaondo. Munthu amene sanagundepo nkhuku anali atachita ngozi pamaso pa Chibanja yense, chipewa chili kumutu. Nyerere, peyala la pabondo, zonse ndinaziiwala. Ndinawamvera chisoni bambo aja kuposa mmene ndinkadzimvera ndekha.

"A Injiniya," anatero motsitsa mawu, osandiyang'ana, "mwatsitsa msewu wolakwika."

Ndinangodina kuti ulendo uyambirenso, ndikupempha kuti ayesenso kamodzi. Anakana kaye, kenako anagwira chiwongolero monyinyirika. Nditaimirira pambali pawo ndinayang'anitsitsa, ndipo ndinaona chimene chinavuta: dziko la mu gemuyo magalimoto onse ankayenda kumanja. Basi inatulukanso pa depoti, manja a a Mhango anaikokeranso kumanzere okha, ndipo patsogolo pankabwera chilole chonyamula mitengo.

Mwana wa munthu sauza wamkulu kuti mukulakwitsa, makamaka wamkulu amene wasunga mkazi wako m'thumba. Ndinayesa kutsokomola. Ndinayesa kunena "adada" mwaulemu. Chilole chinkangokula. Ndiye ndinamva munthu akukuwa ndi mawu a pa depoti, akumenya kabati ya mbale ndi chikhatho, ndipo munthuyo ndinali ine.

"Kumanja, adala! Kumanja! Mutipha!"

Adala. Ndinawatchula apongozi anga kuti adala, pamaso pa akazi awo. Koma basi inakhotera kumanja, chilole chinadutsa chikuliza hutala, ndipo anthu onse pabalaza anapendekera mbali imodzi. A Mhango sanatembenuke.

"Kutsogolo kuli vichi?"

"Raundabauti, adada. Muzungulire chakumanja."

"Chakumanja? Anthu awa ngopenga. Kumbuyo?"

"Kuli bwino, bwerani nayo!"

Tinayenda choncho. Pakona iliyonse manja awo ankafuna kubwerera kwawo kumanzere, ine n'kukuwa, iwo n'kuwongola. Tinadutsa m'mapiri a chipale chofewa, a Nyajere akudandaula kuti wina atseke windo. Wometedwa theka uja anapempha kutsika kuti akamalizitse mutu, a Mhango anamuuza kuti pano si pa siteji. Titalowa mu depoti ya tauni ina ya dzina losatchulika, anaimika basi bwinobwino pakati pa mizere, anazimitsa injini, anavula chipewa n'kupukuta nacho kumaso. Anapukuta nthawi yaitali, ndipo sikuti linali thukuta lokha. A Nyachirwa anali atatembenuka, akuwayang'ana amuna awo.

"Towera," anaitana a Mhango. "Kondakitala uyu ndi wamwano chomene."

"Enya adada."

"Kweni dalaivala sayenda ndi kondakitala wachilendo. Akauze athenga abwere sabata yamawa."

"Ndi nkhuku yanga," anatero a Nyachirwa, ndipo ulendo uno anauza ine mwini wake.

Nkhuku ndinapereka, yoyera. Ukwati tinamanga. Koma palibe anandichenjeza kuti ntchito ya ukondakitala ilibe tchuthi. Loweruka lililonse masana ndimapita ku Chibanja, ndimaimirira pambali pa kabati, chifukwa a Mhango amati kondakitala sakhala pansi, n'kumakuwa kuti kumanja mpaka mawu kusasa. Anzanga amakaonera mpira, ine ndimakhala ndikulowetsa basi m'matauni achisanu. Tsiku lina nditachedwa anandiopseza kuti andichotsa ntchito, ndipo chochititsa manyazi n'chakuti ndinapepesa ndi mtima wonse.

Mlamu wanga atabwera kutchuthi chaka chatha anationerera ulendo umodzi, kenako anandikokera pakhonde.

"Alamu, mukudzivutitsiranji? Mu gemumo muli posankha dziko. Mungodina kamodzi, mupeza misewu yoyenda kumanzere ngati kwathu kuno. Adada aziyendetsa okha, inu muzipuma."

Anandionetsa pomwe pali batanilo. Ndi lobiriwira, lili poonekera, mwana aliyense angalipeze. Ndinasuzumira pabalaza n'kuona a Mhango akupukuta chiwongolero ndi kansalu, akufunsa Towera ngati kondakitala wamwa tiyi.

Ndinamugulira mlamu wanga chakumwa n'kumupempha kuti nkhani imeneyi ithere pakhonde pomwepo. Ntchito ikusowa masiku ano.